Mtengo wachitsulo wa ku Washington ndi mphingo wa amalume anu

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mnyamata wina amene anakulira pakhomo pa amalume ake, osema ziboliboli. Anatumiza ndi chithunzi chimene anachiona pa Facebook: mtengo waukulu wonyezimira, wopanda tsamba ndi limodzi lomwe, wachitsulo chokhachokha, utaima pakati pa mitengo yeniyeni. Funso lake linali lotere: "Amalume akhala akusema mphingo zaka zoposa 30, manja onse zipsera, koma njovu yawo ogula amachita kuinenerera ngati tomato. Kunjaku munthu awotcherera mapaipi n'kunena kuti ndi mtengo, wina aika madzi oundana pamsewu kuti asungunuke, dziko lonse n'kumawaombera m'manja. Kodi limeneli ndi luso, kapena ndi masewera a anthu okhuta? Nanga n'kupangiranji mtengo wabodza pamene yeniyeni ikutha?"

Achimwene, funso lanu landikhala pamtima masiku onsewa, chifukwa muli ukali wa munthu amene waona thukuta la m'bale wake likuchepetsedwa. Ndiyankha motalikirapo, mundipirire.

Mtengo wa pachithunzipo ndauzindikira. Uli mumzinda wa Washington ku America, m'bwalo la zosema la National Gallery of Art, ndipo unaimikidwa mu 2009. Anaupanga ndi Roxy Paine. Ndi wautali pafupifupi mamita 14, ndipo chitsulo chake ndi chija chosachita dzimbiri, cha masipuni ndi masinki. Dzina lake ndi Graft, kutanthauza kumezanitsa. Mukauyang'anitsitsa muona kuti ndi mitengo iwiri pa thunthu limodzi. Mbali ina nthambi zake n'zopindikapindika ngati za mtengo wokalamba wakutchire, mbali inayo n'zosalala, zokula mwadongosolo.

Dzinalo ndi limene landipatsa poyambira. Mango omezanitsa mumawadziwa. Alangizi amatenga mbande ya mango amakolo, yolimba mizu, n'kuidula kumutu, n'kulowetsapo kanthambi ka mtundu wa zipatso zikuluzikulu, kenako n'kumanga ndi kapulasitiki. Pakapita zaka zochepa ana ayamba kuthyola. Tsono mtengo umenewo tiuike mbali iti, ya zachilengedwe kapena ya zopangidwa ndi anthu? Umamwa mvula, mbalame zimamangamo zisa, komatu popanda mpeni wa munthu sukanakhalapo. Nanga nkhalango ya Chikangawa? Paini wambiri wa kumeneko kwawo ndi ku Mexico, ndipo anadzalidwa m'mizere ndi manja a anthu olipidwa. Bulugama kwawo ndi ku Australia. Ngakhale chimanga chimene timachitcha chamakolo chinachokera ku Mexico komweko, kumene anthu anachisankha mbadwo ndi mbadwo kuchokera ku udzu wina wakutchire, mpaka lero sichingathe kudzifesa chokha. Chisononkho chikagwa pansi mbewu zimamera mothinana n'kuphana zokhazokha. Timakonda kunena ngati pali mpanda, uku za Mulungu, uku za anthu. Koma ukayenda m'munda mwako momwe n'kufunafuna mpandawo, suupeza.

Aluso amene mukuwafunsawa amagwira ntchito pamalo omezanitsirapo, pamene dzanja la munthu lakumana ndi chinthu chimene munthu sanalenge. Ena amasema, ena amawotcherera, ena amayala zinthu m'chipinda chonse kapena pabwalo kuti munthu alowemo, azungulire, amve kuzizira kapena fungo. Zoyalazi pa Chingerezi amazitcha installation. Sizinyamulika ngati chiboliboli, ndipo zambiri zimaphwasulidwa chionetsero chikatha.

Mwa onsewa, amene ndikufunitsitsa kuti amalume anu amve za iye ndi Giuseppe Penone, chifukwa ndi wosema mnzawo. Anabadwa mu 1947 m'mudzi wa Garessio, kumapiri a kumpoto kwa Italy, pakati pa alimi. Kuyambira mu 1969 wakhala akuchita chinthu chimene, nditachimva koyamba, ndinakhala duu. Amatenga mtanda wocheka kale kumakina, wa makona anayi, woti akhomere denga. Mukudziwa kuti thunthu likadulidwa mumaoneka mizere yozungulira, mzere uliwonse chaka chimodzi. Mukudziwanso mfundo za pathabwa, zija akalipentala amadandaula nazo kuti zimabunthitsa mpeni wa puleni. Mfundo iliyonse ndi pamene panali nthambi. Penone amasankha mzere umodzi, n'kuyamba kusenda ndi tchizulo matabwa onse amene ali kunja kwa mzerewo, pang'onopang'ono, akulambalala mfundo iliyonse. Akamaliza, m'kati mwa mtanda muja mumatuluka kamtengo kanthete, ndi thunthu lake lowonda ndi tinthambi take tonse, monga momwe kanalili kali ndi zaka 20 kapena kuposerapo pang'ono. Sanakapeke m'mutu mwake. Kanali momwemo nthawi yonseyi, kataphimbidwa ndi zaka zake zomwe, kenako ndi macheka a kampani.

Umodzi mwa mitengo yotere, wa mamita 12, anausema pakati pa 1980 ndi 1982 ndipo uli m'manja mwa Tate, nyumba yosungira zaluso ya ku London. Mphepo yamkuntho itagwetsa mitengo yambiri m'munda wa nyumba yachifumu ya Versailles ku France mu Disembala 1999, Penone anagula thunthu lalikulu la mtengo wa cedar, nalibowola ngati khomo, n'kusiya kamtengo kaubwana kataima pakati. Kuona maso a nkhono n'kudekha, anatero akuluakulu, ndipo ntchito imeneyi ndi ya miyezi, nthawi zina zaka. Kungolowetsa tchizulo mopitirira pang'ono, wadula chaka cholakwika.

Ali ndi ntchito inanso ya mu 1981 imene imandizunguza mutu mokoma. Anatola mwala mumtsinje, wosalazidwa ndi madzi kwa zaka zosawerengeka. Kenako anakwera kuphiri kumene mtsinjewo umachokera, nakaswa mwala wa mtundu womwewo, nausema kuti ufanane ndi woyamba uja pena paliponse, mng'alu uliwonse, kadzenje kalikonse. Anaiika pamodzi. Woona sangadziwe kuti wa mtsinje ndi uti, wa munthu ndi uti. Anaitcha Essere fiume, kukhala mtsinje. Mmene ndimamvera ine, akunena kuti wosema wamkulu kuposa onse ndi madzi, ndipo munthu wogwira nyundo akungophunzira kwa iwo. Ngati pali wina amene anganene kuti amenewa ndi masewera a anthu okhuta, ayese kaye kusema mwala kuti ufanane ndi unzake.

Tsopano za madzi oundana zija mwatchula. Mwini wake ndi Olafur Eliasson, wobadwira ku Copenhagen mu 1967, makolo ake a ku Iceland. Anatchuka kwambiri mu 2003 pamene anapachika dzuwa m'nyumba. Holo yaikulu ya Tate Modern ku London kale inali nyumba ya makina opangira magetsi. Kumapeto kwa holoyo anaika theka la chinthu chozungulira chokhala ndi mababu achikasu mazanamazana kumbuyo kwake, kudenga konse n'kuyalako magalasi oonerapo nkhope, kotero kuti theka lija linkaoneka lathunthu. Makina ena ankapopera nkhungu. Inali nyengo yozizira, pamene ku London kumada msanga, ndipo anthu pafupifupi 2 miliyoni anapita kukaona. Ambiri ankagona chagada pansi pa simenti, ngati akuothera dzuwa, n'kumadziyang'ana kudenga ali ting'onoting'ono ngati nyerere. Chimene ndimachilemekeza n'chakuti sanabise bodza lake: munthu ankatha kupita kuseri n'kuona mawaya ndi mababu. Anthu ankadziwa kuti ndi magetsi, koma thupi linkafunabe kugona pansi pake. Pamenepo pali chinthu choona chokhudza ife anthu a masiku ano.

Madzi oundanawo anabwera pambuyo pake. Iye ndi katswiri wa miyala wa ku Greenland, Minik Rosing, anavuula zibuma za madzi oundana zimene zinali zitagumuka kale n'kumayandama panyanja pafupi ndi mzinda wa Nuuk, nazinyamula m'makontena ozizira. Mu 2014 anaziika ku Copenhagen. Mu 2015 anaika zibuma 12 mozungulira ngati manambala a wotchi mumzinda wa Paris, pa nthawi ya msonkhano waukulu wa zakusintha kwa nyengo. Mu 2018 anaika 30 ku London. Anthu ankazigwira, kuzikumbatira, kuika khutu n'kumva kuthetheka kwa mpweya umene unatsekeredwamo zaka zikwizikwi zapitazo, mpaka zonse zinasanduka madzi n'kupita mungalande.

Apa ndiye ndili mbali yanu pang'ono. Kunyamula matani a madzi oundana pa sitima ndi pa malole kumawotcha mafuta omwewo amene akusungunula madziwo, ndipo ngakhale eni ake anawerengetsa utsi umene anatulutsa n'kuulengeza, ine mtima sukhazikika. Komanso ntchito imeneyi anapangira anthu amene kusintha kwa nyengo amakuwerenga m'nyuzipepala. Munthu wa ku Chilobwe amene anaona matope ndi miyala zikutsika phiri la Soche mu Malichi 2023, pa namondwe wa Freddy, safunika kugwira madzi oundana kuti akhulupirire. Sindikunena kuti ndi yachabe. Mwina inatsegula maso a ena amene ali ndi mphamvu zosintha malamulo. Koma musaganize kuti chilichonse chotchuka muyenera kuchigwadira. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere, ndipo m'dziko la zaluso nkhuyu zotere zilimo zambiri.

Yerekezani ndi zimene anachita mayi wina, Agnes Denes, mu 1982. Kumunsi kwa chilumba cha Manhattan ku New York, pafupi ndi Wall Street, msewu wa makampani a zandalama, ndi nsanja ziwiri za World Trade Center, panali malo otayirapo zigumukire ndi zinyalala. Anathirapo dothi la malole 200, iye ndi omuthandiza nalima mizere 285 ndi manja, nadzala tirigu pa maekala awiri. Anapalira, anathirira, miyezi inayi, ndipo mu Ogasiti anakolola makilogalamu oposa 450. Amenewo ndi matumba 9 okha a makilogalamu 50, zokolola zoti mlimi wa ku Neno angapukuse nazo mutu. Koma malowo panthawiyo ankawerengedwa kuti ndi a madola 4.5 biliyoni. Munda wa chakudya unaima maso ndi maso ndi nyumba za ndalama, ndipo aliyense wodutsa ankadzifunsa yekha kuti chamtengo wapatali n'chiti. Tiriguyo anali weniweni, wodyeka. Chopangidwa ndi munthu chinali kumuika pamenepo.

Koma ndisakusungeni kwa azungu okhaokha, ngati kuti nkhaniyi ndi yawo. Mtengo wachitsulo umene umandigwira mtima kuposa wa ku Washington unapangidwa ndi anansi athu, ku Maputo.

Nkhondo yapachiweniweni ya ku Mozambique inatha ndi pangano la ku Rome mu Okutobala 1992. Ife tikuikumbuka bwino, chifukwa anthu pafupifupi miliyoni imodzi anathawira kuno, ku Nsanje, Mwanza, Ntcheu, Dedza, Mulanje. Ambiri a ife tinaphunzira nawo sukulu, ena anakwatirana nawo. Nkhondo itatha, mfuti zinatsala zokwiriridwa m'minda ndi m'tchire. Mu 1995 Bishopu Dinis Sengulane wa mpingo wa Anglican, pamodzi ndi bungwe la mipingo yachikhristu la m'dzikomo, anayambitsa ntchito yosinthanitsa. Munthu akabweretsa mfuti ankalandira khasu, pulawo, njinga, makina osokera kapena malata. Maganizowo anawatenga pa mawu a mneneri Yesaya onena za kusula malupanga kuti akhale zolimira. Zida zoposa 600,000 zinasonkhanitsidwa m'zaka 9 zoyambirira. Zinkadulidwa kuti zisadzaombenso, ndipo zidutswa zina zinkaperekedwa kwa aluso a m'bungwe la Núcleo de Arte ku Maputo.

Mu 2004 anthu anayi, Cristóvão Canhavato amene amadziwika kuti Kester, Hilario Nhatugueja, Fiel dos Santos ndi Adelino Serafim Maté, anawotcherera zidutswazo n'kupanga Mtengo wa Moyo, wotalika mamita oposa atatu, wolemera pafupifupi theka la tani. Makungwa ake ndi zidutswa za mfuti za AK-47 ndi mabasitole, masamba ake ndi zitsulo za mfuti zomwezo, ndipo pansi pake pali mbalame ndi tinyama, nazonso za mfuti. Kuyambira mu 2005 uli ku British Museum ku London. Mfuti zonsezo palibe ndi imodzi yomwe imene inapangidwa ku Mozambique. Zinachokera kumafakitale a maiko akutali. Tsono taganizani, achimwene. Akanausema ndi mlombwa mtengo umenewu, ukanakhala wokongola, koma ukananena chiyani? Mphamvu yake yonse ili m'chakuti chitsulo chimenecho chinagwiridwa ndi ana amene anakakamizidwa kumenya nkhondo, chinapha anthu, kenako chinaperekedwa posinthana ndi khasu. Mtengo ndi pamene timakhala pa milandu, pa maliro, pa sukulu ya pansi pa mtengo. Iwo anatenga chinthu chimene chinabalalitsa midzi n'kuchipatsa maonekedwe a malo osonkhanirapo. Uwu ndi mtengo wabodza umene sunama.

Apa ndi pamene ndapeza muyezo umene ndimagwiritsa ntchito ndikaima patsogolo pa zinthu zoterezi. Ndimafunsa kuti chinthu chapangidwachi chachokera kuti, chadutsa m'manja mwa yani, ndipo atachisintha n'kuikapo china, n'chiyani chingatayike? Kwa Penone, ukachotsa mtanda wa kumakina, palibe chotsala. Kwa a ku Maputo, ukachotsa mfuti, palibe chotsala. Pamene yankho lili lakuti palibe chingasinthe, ndimadutsa msanga.

El Anatsui amapambana muyezo umenewu mosavuta. Anabadwira ku Ghana mu 1944 ndipo anaphunzitsa pa yunivesite ya ku Nsukka ku Nigeria kuyambira mu 1975. Poyamba ankaumba dothi ndi kusema matabwa, mpaka kugwiritsa ntchito macheka a injini ndi moto. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 anatola thumba la zitsekerero za mabotolo a mowa waukali litatayidwa patchire. Anayamba kuziphwatalitsa, kuzidula, kuzibowola ndi kuzilumikiza ndi waya wakopa. Lero achinyamata ambiri amagwira ntchito imeneyi m'nyumba yake yogwiriramo ntchito, ndipo zimene zimatuluka ndi nsalu zachitsulo zazikulu zotha kuphimba khoma la nyumba yosanja. Ukaima patali umaona ngati nsalu yachifumu, kapena mathithi, kapena nthaka yong'aluka m'chilimwe. Imodzi ya mu 2007 anaitcha Earth's Skin, khungu la dziko. Ukayandikira umawerenga maina a mowa. Iye amakumbutsa kuti mowa waukali unali pakati pa katundu amene amalonda a ku Ulaya ankasinthanitsa ndi anthu pa gombe la kuzambwe kwa Africa, ndipo kachitsekerero kalikonse kanatsegulidwa ndi dzanja la munthu wina. Mu 2015 analandira mphoto ya Golden Lion ku Venice chifukwa cha ntchito ya moyo wake wonse, ndipo mu 2023 anadzaza holo yomwe ija Eliasson anapachikamo dzuwa. Ku Harare, m'dera la Mbare, Moffat Takadiwa akuchita zofananako ndi mabatani a makompyuta akufa, misuwachi ndi zitsekerero zapulasitiki, n'kupanga zinthu zooneka ngati zomera kapena zamoyo za m'madzi.

Ndipo kunena zoona, ife zimenezi si zachilendo. Mwana amene amapinda waya n'kupanga galimoto, matayala ake zitsekerero, kapena kukulunga majumbo ndi chingwe kuti apeze mpira, wayamba kale. Za kudambwe sindizikhudza, si malo ake pano. Koma amene anaonapo Kasiyamaliro akulowa m'bwalo, kapena anakachezako ku Chamare Museum ku Mua, amadziwa kuti chinthu chachikulu chimene chimaonekera nthawi yake n'kupita, chosagulitsidwa pamsika, makolo athu anachidziwa kalekale.

Za ndalama sindikupatsani mawu otonthoza abodza. Msika wa zaluso sulipira thukuta. Umalipira dzina, mzinda umene munthu akuonetserako, ndi anthu amene amamulembera. Ndi kupanda chilungamo, ndipo amalume anu sakulakwa kumva kuwawa. Koma palinso china chimene ndikuona pa misika yathu ya ziboliboli: njovu zofanana zana limodzi pamzere umodzi, mvuu zofanana, mipando ya mafumu yofanana. Sikuti osemawo alibe nzeru zina. Akusema chimene mlendo wofulumira amagula, chifukwa kunyumba kukufunika ufa. Koma wogula akaona zana limodzi zofanana amadziwa kuti akakana apa apeza apo, ndiye amanenerera. Mphingo nawonso ukusowa, umakula mochedwa kwambiri, mpaka ena amatenga mtengo wofewa n'kuupaka polishi wa nsapato wakuda kuti uoneke ngati mphingo. Sindikunena amalume anu. Ndikungoti nkhani ya chenicheni ndi chopanga yafika kale pamsika pawo pomwepo, ndipo munthu amene wasema zaka 30 ali ndi zonena pa nkhaniyi kuposa ambiri amene amaonetsa ku London. Iye amadziwa dera limene mphingo unatha, chaka chimene anayamba kuyenda mtunda wautali kukaufuna, ndi fungo la mtengo uliwonse ukamasemedwa.

Musawauze kuti asiye njovu. Njovuzo ndi zimene zinakulipirirani sukulu. Koma aonetseni zithunzi za mitengo ya Penone pafoni yanu, musawafotokozere zambiri, muone chimene anene. Akafuna kuyesa, asayambe ndi mphingo, chifukwa mizere yake ya zaka sioneka bwino ndipo ndi wolimba kwambiri. Penone amagwiritsa ntchito mitengo ya mtundu wa paini, imene mizere yake imaoneka bwino ndipo nthambi zake zimatuluka mozungulira thunthu pamalo amodzi. Paini wa ku Chikangawa, Zomba kapena Dedza angachite. Kwa ogulitsa matabwa funani mtanda wokhuthala umene pakatikati pa thunthu pali m'kati mwake. Mudzazindikira poyang'ana kumapeto, pamene mizere imazungulira kadontho. Ukhale wa mfundo zambiri, uja akalipentala amaukana. Asankhe mzere umodzi kumapeto onse awiri, wachisanu kapena wachisanu ndi chimodzi kuchokera pakati, aulembe ndi pensulo, ayambe kusenda kuchokera kunja, ndipo mbali ina ya mtandawo aisiye momwe inachokera kumakina kuti woona adziwe kumene kamtengoko katuluka. Sompho agwiritse ntchito poyamba pokha; akayandikira mzerewo pafunika tchizulo yaing'ono ndi mpeni.

Kakatuluka, nditumizireni chithunzi pa imelo yomweyi, ndipo mundiuzenso mawu amene amalume ananena atakaona.